Asilikali a m'makanema opanda mawu aja andisowetsa tulo

Kadzidzi_Area47
Abale pagulu pano, ndathedwa nzeru. Usiku wapitawu tulo tinakana, ndiye ndinangotsegula YouTube n'kugwera pa kanema wakalekale wa ku America, wa 1925, dzina lake The Big Parade, wonena za nkhondo yoyamba ya dziko lonse. Ine ndimati ndisekeko pang'ono, poti makanema opanda mawu ndimawadziwira kwa Charlie Chaplin, munthu akugwa m'matope, wapolisi ali pambuyo. Kuseka kunalipo koyambirira kokha. Chakumapeto kuli malo pamene mnyamata wake, Jim, wavulala mwendo ndipo wagwera m'dzenje lokumbidwa ndi bomba limodzi ndi msilikali wa ku Germany yemwe wamuwombera yekha. Wasolola mpeni wa kumfuti uja kuti amutsirize. Kuyang'ana nkhope, wapeza kuti ndi kamwana. Dzanja lakana. M'malo mwake akumupatsa ndudu, ndipo posakhalitsa Mjeremaniyo watsirizika, Jim watsala m'dzenjemo ndi mtembo. Palibe liwu linamveka, koma ine ndinazimitsa foni n'kungokhala duu mpaka tambala woyamba.

Funso langa ndi ili: bwanji makanema a nkhondo a masiku ano, mabomba akuphulika mpaka mawindo a nyumba kugwedera, sandigwira mtima chonchi? Nanga amene anapanga kanemayu anafikako kunkhondoko, kapena ankangopeka?

Tsabola_Wakale
Achimwene, matenda osowa tulowo pitani nawo kuchipatala. Maola awiri ndi theka kuonera azungu akuyasamula pakamwa popanda chotuluka? Bandulo yake akugulirani ndani?

MphunzitsiWopuma
A Kadzidzi, musawamvere a Tsabola, amenewa amatsutsa ndi dzuwa lomwe likamatuluka. Funso lanu lachiwiri ndi limene ndingayankhe. Nkhani ya kanemayo inachokera kwa Laurence Stallings, yemwe anali msilikali wa gulu la Marines. Anavulala koopsa mwendo pa nkhondo ya ku Belleau Wood, ku France, mu June 1918. Madokotala analimbana nawo mwendowo kwa zaka zingapo, mpaka mu 1922 anaudula. Ndiye mukamuona Jim akulowa m'nyumba ya makolo ake ndi ndodo, mwendo umodzi palibe, dziwani kuti wolemba nkhaniyo khomo lotere analilowapo.

Wotsogolera kanemayo, King Vidor, iyeyu kunkhondo sanapiteko. Anachita kukhala pansi n'kuonera zithunzi zambirimbiri zimene asilikali a America anajambula ku France. Ankasimba kuti pakati pa zithunzizo anaona gulu la asilikali likuyenda mayendedwe achilendo, pang'onopang'ono, ndipo atadikira anaona bokosi la maliro likubwera pambuyo. Mayendedwe amenewo ndi amene anawatengera ku malo aja asilikali akulowa m'nkhalango, Ajeremani atabisala m'mitengo. Anaika munthu woimba ng'oma yaikulu, n'kulamula kuti aliyense aponde ng'oma ikalira, ndipo wogwa agwenso ng'oma ikalira. Bwererani mukaonenso malowo. Anyamata aja sakuthamanga, sakukuwa, akungoperekeza maliro awo omwe.

Koma pamene ine pamandimaliza ndi pakhomo paja. Mchimwene wake akuyesa kumusangalatsa kuti akuoneka bwino, Jim n'kumukalipira kuti asamunamize, akudziwa mmene akuonekera. Mayi ake akumukumbatira, ndipo tikuonetsedwa zimene zili m'mutu mwawo: mwana yemweyo ali wamng'ono, miyendo yonse iwiri ilipo.

Kadzidzi_Area47
Aphunzitsi, za ng'omazo sindimadziwa. N'chifukwa chake mtima umagunda motsatira mapazi awo.

NamwinoKuLeeds
Ndilowererepo, poti ine ntchito yanga ndi ya m'wodi ya odwala maganizo. Dzina loti shell shock, kutanthauza matenda a maganizo ogwira asilikali kunkhondo, linatchuka dokotala wina wa asilikali a Britain, Charles Myers, atalemba za matendawa m'magazini ya zachipatala ya The Lancet mu February 1915. Poyamba ankaganiza kuti kuphulika kwa mizinga kwagwedeza ubongo. Kenako anayamba kulandira anyamata odwala chimodzimodzi koma amene bomba silinawagwere pafupi n'komwe. Pofika kumapeto kwa nkhondo, asilikali a Britain okha odwala chonchi anali pafupifupi 80,000.

Zizindikiro zake ndi zimene zikukhudza funso la a Kadzidzi. Ena ankanjenjemera osaleka, ena miyendo inkafa popanda bala, ena ankachita chibwibwi, ndipo ambiri ankangosiyiratu kulankhula. Munthu wamoyo, lilime lilipo, koma mawu anatsalira m'ngalande muja ankabisalamo. Ndiye taganizani, nthawi imene anyamata osalankhulawa akubwerera kwawo ndi nthawi yomweyo imene kanema naye anali wosalankhula. Wojambula analibe kothawira. Sakanamupatsa msilikali mawu okoma oti afotokoze mmene akumvera, ankayenera kuika kamera pankhope ndi pamanja basi. Ife kuwodi timachitanso zomwezo. Wodwala akati "ndili bwino" timayang'ana zala.

Ulipo kanema wina amene si sewero, War Neuroses, amene dokotala Arthur Hurst anajambulitsa mu 1917 ndi 1918 ku chipatala cha Netley pafupi ndi Southampton ndi ku Seale Hayne ku Devon. Muli mnyamata wina amene samva chilichonse chimene akumuuza, koma akangomva liwu loti mabomba, amadumphira kunsi kwa bedi. Ali pa intaneti, koma amtima wapachala musamutsegule usiku.

KambaZoona
Mayi Namwino, mwalankhula mokoma ngati ndakatulo, koma tisapitirire malire. Makanema amenewa anali opanda mawu chifukwa makina ojambulira mawu anali asanakhwime, osati chifukwa cholira maliro a asilikali. Ndiponso m'holo simunkakhala chete. Munkakhala woimba piyano, m'mizinda ikuluikulu gulu lonse la zoimbira, ndipo ena ankamenya ng'oma kuyerekeza mizinga. Misozi yambiri inkachokera kwa wa piyanoyo.

Chachiwiri, The Big Parade mwaiwala mathero ake? Jim akubwerera ku France, akutsimphina pamwamba pa kaphiri, chibwenzi chake Melisande chikusiya khasu n'kumuthamangira. Anthu akutuluka m'holo mitima ili m'malo, kampani ya MGM, eni kanemayo, ikuwerenga ndalama. Moyo weniweni unali wina. Britain inawombera asilikali ake omwe 306 pa milandu monga kuthawa nkhondo ndi mantha, ena mwa iwo odwala matenda omwe mukunenawa, ndipo chikhululukiro chinabwera mu 2006, onse atasanduka dothi. Ndionetseni kanema wa MGM wa nkhani imeneyo.

Ndipo Hurst wanuyo, ofufuza a masiku ano anapeza kuti zithunzi zina zoonetsa odwala "asanachire" anazijambula odwalawo atachira kale, n'kuwauza kuti ayerekeze mmene ankachitira. Dokotala ankatsatsa malonda a mankhwala ake.

NamwinoKuLeeds
Za Hurst zo mwanena zoona, sindikukana. Koma bambo, munthu amene wachira dzana, mukamuuza kuti anjenjemerenso pamaso pa kamera, mukuganiza kuti kunjenjemerako akukutenga kuti? Ine zimenezo zimandiwawa kuposa zikanakhala zenizeni.

Tsabola_Wakale
Melisande anasiya khasu kapena pulawo? Tiyeni tizinena zoona pano, a KambaZoona.

KambaZoona
Inu simunaonere n'komwe.

Bonjour_Zomba
A KambaZoona akufuna kanema wopanda shuga, ndiye ndiwapatse. J'accuse, wa Abel Gance, wa ku France, anatuluka mu 1919. Dzinalo m'Chifalansa ndi mawu a munthu woimba mnzake mlandu. Anayamba kumujambula nkhondo ili mkati, ndipo mu September 1918 Gance anapita ndi kamera ku nkhondo ya ku Saint-Mihiel limodzi ndi asilikali a America.

Mwini nkhani ndi Jean Diaz, mlakatuli, munthu wofatsa wolemba ndakatulo zotamanda dzuwa. Akubwerera kumudzi mutu utasokonekera. Akusonkhanitsa anthu a m'mudzimo usiku n'kuwauza kuti akufa adzuka. Pamenepo tikuona chigwa chodzaza mitanda, mitanda ija ikusanduka mitembo, mitembo ikudzuka umodziumodzi, mabandeji kumutu, n'kuyamba ulendo wobwerera kumudzi. Akubwera kudzafunsa ngati imfa yawo inapindula kanthu. Mkazi amene anasangalala mwamuna ali kunkhondo, wamalonda amene analemera ndi nkhondoyo, onse akuthawa kubisala. Mlandu suwola.

Tsono chimene chimaimitsa tsitsi ndi ichi. Akufa aja sanali ochita masewero. Anali asilikali enieni pafupifupi 2,000 amene anali pa tchuthi cha masiku ochepa kum'mwera kwa France, akudikira kubwerera kunkhondo. Anawagoneka pansi kuti ayerekeze kufa, akudziwa bwinobwino kumene akupita. Gance ankanena kuti patangopita masabata ochepa, 8 mwa 10 alionse anali ataphedwadi.

Mathero ake mulibe chibwenzi chothamanga. Jean akupeza ndakatulo zake zakale, akuzing'amba, akuloza dzuwa lija ankalitamanda n'kuliimba mlandu kuti linkangoyang'ana zonsezi, kenako akugwa n'kufa.

KambaZoona
Chiwerengero cha 8 mwa 10 cho ndi mawu a Gance yekha, ndipo Gance anali munthu wokonda kukometsera mbiri yake. Komanso musamupange mngelo wa mtendere. M'kanema yemweyo Ajeremani akuonetsedwa ngati zilombo zogwirira akazi, ndipo akufa aja sakunena kuti nkhondo inali yolakwa, akungofunsa ngati otsala ali oyenera nsembe yawo. Mkulu wa asilikali akhoza kuwomba m'manja pamenepo.

Bonjour_Zomba
N'chifukwa chake ndinalemba kuti "Gance ankanena". Koma mkono wa Blaise Cendrars si mawu a Gance. Mlakatuli ameneyu anataya mkono wamanja kunkhondo mu 1915, anathandiza Gance pa ntchitoyi, ndipo ali nawo m'gulu la akufa aja. Za Ajeremani zo ndavomera, kanemayu ali ndi mitima iwiri. Mwina ndi mmene France yonse inalili chaka chimenecho. Pofika 1938 Gance anamujambulanso, wa mawu tsopano, ndipo anaitana asilikali akale amene nkhope zawo zinaphwanyika, aja Afalansa amawatcha gueules cassées. Chaka chotsatira nkhondo ina inayamba.

Wa_ku_Joni
Nonse mukukamba masewero. Onerani The Battle of the Somme wa 1916, wojambulidwa ndi Geoffrey Malins ndi John McDowell pamalo penipeni. Pa 1 July 1916, tsiku loyamba lokha la nkhondo ya ku Somme, ku France, Britain inataya asilikali 19,240 ophedwa, ndipo tikaphatikiza ovulala ndi osowa anakwana 57,470. Kanemayo anatuluka mu August chaka chomwecho, ndipo m'masabata 6 oyambirira anagulitsa matikiti pafupifupi 20 miliyoni. Ambiri ankapita kukafunafuna nkhope ya mwana wawo kapena mwamuna wawo.

A KambaZoona asanandilumphire, ndinene ndekha: malo otchuka aja asilikali akutuluka m'ngalande, wina n'kutsetsereka ngati wawomberedwa, anachita kukonza kumbuyo, kutali ndi zipolopolo. Koma nkhope zija si zokonza. Pali anyamata a gulu la asilikali a Britain la Lancashire Fusiliers atakhala m'kanjira kolowa pansi pafupi ndi Beaumont Hamel, m'mamawa wa tsiku lomwelo, akudikira wezulo. Mmodzi akuyang'ana kamera, maso ake ngati a mbuzi yomangidwa kuseri kwa nyumba ya ukwati. Palinso bambo wina atabereka mnzake wovulala kumsana m'ngalande, n'kudzutsa maso kuyang'ana wojambula. Mawu olembedwa akuti wovulalayo anamwalira patapita mphindi 30. Mpaka lero mabanja ambirimbiri alembera ku Imperial War Museum, malo osungira mbiri ya nkhondo ku London, lililonse likuti wobereka mnzakeyo ndi agogo awo.

Gogo_Bayisikopo
Ana inu mukuti kanema, ife tinkati bayisikopo. Galimoto inkabwera pabwalo la sukulu madzulo, n'kupachika chinsalu choyera, mudzi wonse pansi. Ankayamba ndi za ulimi wa thonje ndi kukumba zimbudzi, kenako ndiye zoseketsa. Panali bambo wina wa chimkuzamawu amene ankatanthauzira m'Chichewa, koma theka ankangopeka yekha. Mzungu akayasamula iye amati, "Akuti ndiwo zachepa mchere." Ndiye a KambaZoona akunena zoona, kanema wopanda mawu sakhala wopanda mawu. Pamapezeka wina womuikira.

Tsabola_Wakale
Agogo, bambo ameneyo akanakhalapo lero ndikanaonera The Big Parade yonse.

Nyakwawa_ya_Kumpoto
Ine ndakhala ndikuwerenga mwakachetechete koma chinthu chimodzi chikundidya. Nkhondo yomweyi inafikanso kwathu. Ku Karonga kunamenyedwa nkhondo mu September 1914. Amuna a Nyasaland pafupifupi 200,000 anatengedwa kukhala atengatenga, kusenza katundu wa asilikali mpaka ku Tanganyika ndi ku Mozambique, ndipo ambiri anafera m'njira ndi njala ndi kamwazi. Enanso masauzande anali asilikali a King's African Rifles. Makolo ankaitcha nkhondo ya Chiwaya, potengera mfuti ija yolira mosalekeza. John Chilembwe analembera nyuzipepala ya Nyasaland Times mu November 1914 kuti olemera ndi eni minda ndiwo apite akawomberedwe, osati amphawi amene akafa amangosiya amasiye. Nanga mwa makanema onse mwatchulawa, ndi uti unaika kamera pankhope ya mtengatenga kuti tione zimene zinali mumtima mwake? Tikulira ana a eni, athu ali ndi zipilala zokha ngati cha ku Zomba chija.

Gogo_Bayisikopo
Ali ndi malipenga, mwanangu. Pitani ku Nkhata Bay mukaone: makabudula oyera, masokosi aatali, ndodo m'khwapa, kuguba, maudindo a usilikali. Beni ku Mangochi chimodzimodzi. Obwera kunkhondo sankasimba zambiri, koma anaphunzitsa miyendo ya ana awo.

KambaZoona
Apa ndiye sinditsutsa. Ndingowonjeza kuti D. W. Griffith, amene anajambula Hearts of the World mu 1918 kulirira anthu a ku France, ndi yemwe uja wa The Birth of a Nation wa 1915 wotamanda Ku Klux Klan, gulu la azungu lozunza anthu akuda ku America. Chifundo cha kamera chinali ndi malire a khungu.

Woyang'anira_Gulu
Nkhani ya atengatenga ndi yaikulu, a Nyakwawa itsegulireni mutu wakewake ndipo tonse tibwera. Pano tibwerere ku funso la a Kadzidzi. Ndipo a Tsabola, chenjezo loyamba.

Nachisale_M
Ine sindidziwa za makanema ngati anzanganu, koma ndatsegula uja a Namwino anatichenjeza ndipo sindinamumalize. Agogo anga aamuna anamenya nkhondo yachiwiri ya dziko lonse, anali ku Burma mu 1944. Ife tinawapeza atakalamba, munthu waulemu, wa mpingo, wosakalipa. Koma mvula yoyamba ikabwera ndi mabingu, ankasowa. Tinkawapeza kunsi kwa nkhokwe, munthu wamkulu atadzipinda ngati kamwana, manja kumutu. Ife ana tinkaseka, Mulungu atikhululukire. Agogo aakazi ankatithamangitsa ndi chikuni n'kungoti, "Nkhondo yawabwerera, chokani." Kenako ankakhala pansi pambali pa nkhokwepo osalankhula kanthu, mpaka mvula itakata.

Za ku Burma sanatiuzepo ngakhale tsiku limodzi, kupatula kuti kunali misundu yambiri. Mnyamata wolowa kunsi kwa bedi uja, mmene anapindira msana, ndi agogo enieni. Ndakhala zaka zonsezi ndikuganiza kuti anali ndi mantha a mphenzi.

NamwinoKuLeeds
Achemwali, pepani. Munali ana, simukanadziwa. Ngakhale madokotala dzina loti PTSD, la matenda a maganizo obwera munthu akadutsa m'zoopsa, analilemba m'mabuku awo mu 1980, agogo anu atadwala kale zaka zoposa 30. Zimene ankachita agogo aakazizo, kukhala pambali osafunsa mafunso, ife timachita kupita kusukulu kuti tiziphunzire.

MphunzitsiWopuma
A Nachisale mwandikumbutsa Wings wa 1927, amene analandira mphoto yoyamba ya Oscar ya kanema wopambana. Anthu amamukumbukira chifukwa cha ndege, ndipo n'zoona, wotsogolera wake William Wellman anaulutsadi ndege za nkhondo ku France. Koma pakati pa ndegezo pali nkhani yowawa. David wagwa kumbali ya adani, waba ndege ya Ajeremani kuti abwerere kwawo. Mnzake wa pamtima Jack, amene akuganiza kuti David anafa, waona mtanda wa Germany pa ndegeyo ndipo akuithamangitsa kuti abwezere. David akukuwa, akukupiza dzanja, Jack sakumva. Ifenso oonera sitikumva, tikungoona pakamwa pakutchula dzina. Apa ndi pamene ine ndimati a Namwino ali ndi mfundo, kaya a KambaZoona afune kaya asafune. Jack akubwerera kwawo anthu akumulandira ngati ngwazi, tsitsi litachita imvi ali mnyamata, ndipo akuyenera kukagogoda kwa makolo a David kukapereka kachidole ka chimbalangondo kamene mnzakeyo ankayenda nako.

KambaZoona
Ndege ndi asilikali a m'kanema ameneyo anabwereka ku boma la America, anajambulira ku San Antonio, Texas. Boma silibwereketsa ndege kwa munthu woti akaopseze anyamata kulowa usilikali. Koma malo a dzinawo ndawaonera, ndipo chabwino, aphunzitsi, pamenepo mwandipeza. Akanaika mawu pakanaonongeka.

Tsabola_Wakale
Chabwino, ndaonera kamodzi kuti musandichotse pagulu. Ndasankha wa Chaplin, Shoulder Arms, wa October 1918, nkhondo itatsala milungu yochepa kutha. Ndinaseka pamene ngalande yadzaza madzi, iye n'kugona momwemo akupumira pa lipenga la galamafoni. Ndinasekanso pamene akutikita phazi lochita dzanzi, osadziwa kuti ndi la mnzake. Koma pali pena pamene makalata afika, aliyense walandira, iye yekha ayi. Ndiye akuima kumbuyo kwa mnzake n'kumawerenga kalata ya mwini mozemba. Mnzakeyo akamwetulira, iye akumwetulira. Akakwinya nkhope, iyenso. Ine ndakhala ku Joni zaka zinayi popanda wondiimbira foni. Sindinaseke pamenepo. Basi, musandifunse zambiri.

Kadzidzi_Area47
A Tsabola agwa! Aphunzitsi, lembani tsiku.

Sajeni_Wopuma
Ndimangowerenga pagulu pano, sindinalembepo. Ndinali ku DRC. Za ndudu zija a Kadzidzi, zimachitika. Sindinaonere kanemayo ndipo sindimuonera.

NamwinoKuLeeds
Bambo Sajeni, zikomo polemba. Ku inbox kwanga n'kotsegula, kaya n'kungopatsana moni.

Sajeni_Wopuma
Ndamva, mayi. A Tsabola, wa Chaplin yo ndi wautali bwanji?

Tsabola_Wakale
Sakwana ola, bwana. Ndikutumizirani pompano. Pa makalata po mukhoza kudumphitsa.